Nkhope Yosema Imayankhula Ikafika Pabwalo

 Lero tikambirana za zosemasema za makolo athu kuno ku Africa, makamaka nkhope zimene zimatuluka pabwalo la gule wamkulu. Ndiyambe ndapepesa kwa eni mizinda, atsabwalo ndi anamkungwi amene mukumvera: mitima ikhale m'malo, kudambwe sindikafikako. Ndilankhula zimene aliyense, mwana ndi mlendo yemwe, amaziona ndi maso ake chilombo chikafika pabwalo, komanso zimene zinalembedwa kale m'mabuku amene ali poyera.

Tiyambe ndi Chadzunda, poti ndiye mkulu wa onse. Ng'oma zagundika, mbalule ikuitana, amayi aima mbali yawo akuomba m'manja ndi kuthirira mang'ombe. Kenaka anthu akupatuka, nkhalamba ikulowa. Nkhope yake ndi yakuda bii, yaikulu kuposa ya munthu wamba, pamphumi pali makwinya akuya. M'kamwa mwatsala mano owerengeka, kuchibwano kuli ndevu zambuu, kumutu dazi kapena imvi. Ikuyenda motsimphina, dzanja lina pandodo, lina pamsana, moti mwana amene sanaionepo amayesa igwa isanafike pakati pa bwalo. Koma dikirani Maliya atulukire. Msana uja uwongoka nthawi yomweyo, ndodo iiwalika, miyendo iyamba kupalasa fumbi mpaka oimba ng'oma thukuta kamukamu.

Palibe amene waimirira kuti afotokoze tanthauzo lake, koma aliyense wamva. Uyu ndi kholo, mwini mudzi amene anatsogola kale, ndipo ngakhale anakalamba mpaka mano kutha, mphamvu yobereka ndi yosunga mudzi ikadali mwa iye. Makwinya aja akunena za zaka, kuvina kuja kukunena kuti mbumba siidzatha. Mukachotsapo chimodzi, uthenga wafa. Nkhope ikanakhala yosalala, bwenzi tikuona mnyamata wodziwa kuvina, ndipo oterowo ali mbwee m'mudzi uliwonse. Nkhope yamakwinyayo mutangoipachika pakhoma, mwatsala ndi nkhalamba yomvetsa chisoni basi.

Ndayamba choncho chifukwa pali mawu amene ndimawamva kawirikawiri, ngakhale kwa anthu opita kusukulu ndithu. Amati amisiri akale sankadziwa kusema nkhope yooneka bwino, n'chifukwa chake mphuno imakhala yopindika, maso otong'oka, milomo yolendewera. Onena zimenezi sanaganizepo za malo amene nkhopeyo imagwirira ntchito. Bwalo ndi lalikulu, anthu ndi mazanamazana, ena akwera m'mitengo, fumbi langoti koboo, ndipo chilombo sichiima malo amodzi. Kamzere kakang'ono kokongoletsa patsaya sikangaoneke kwa mayi amene waima kumapeto uko, mwana ali kumbuyo. Choncho kasemasema kamalowa mozama kuti mthunzi ugwere m'makwinyamo, diso amalizunguliza ndi utoto woyera, mano amawatalikitsa. Mtengo wakenso uyenera kukhala wopepuka, woti n'kupirira kudumpha ndi kugwedezeka tsiku lathunthu. Zonsezi mmisiri amachita kuziganizira asanadule n'komwe mtengowo.

Amene akukayikabe kuti dzanja la munthu wakuda limatha kupanga nkhope yeniyeni likafuna, tipite naye ku Nigeria. M'chaka cha 1938, mumzinda wa Ife, anthu amene ankakumba maziko a nyumba pafupi ndi kwa mfumu anafukula mitu yamkuwa yoposa khumi. Akatswiri amati inapangidwa zaka pafupifupi 600 zapitazo. Mukaiona pachithunzi mungayese munthu wamoyo amene wangotseka pakamwa: zikope, masaya, mizere yapakhosi, zonse zili m'malo mwake. M'mbuyomo, mu 1910, Mjeremani wina dzina lake Leo Frobenius anali ataonako mutu wina wotere ku Ife komweko, ndipo mtima wake unakanitsitsa kuti anthu akuda angapange chinthu chokongola chonchi. Anafika ponena kuti ndi zotsala za Atlantis, dziko la m'nthano za Agiriki limene amati linamira m'nyanja. Kuthawa chinthu choonekeratu mpaka kukabisala pansi pa nyanja! Chonsecho anaipanga ndi makolo a Ayoruba omwewo amene iye ankapezana nawo m'misewu ya mzindawo.

Tsono Ayoruba omwewo akamasema munthu wathunthu, mutu amaukulitsa dala. Mwachibadwa mutu umalowa maulendo 7 kapena 8 mumsinkhu wa munthu wamkulu, koma pa ziboliboli zawo umalowa maulendo 3 kapena 4 okha. Iwo amakhulupirira kuti tsogolo la munthu, mwayi wake ndi khalidwe lake zimakhala m'mutu, ndiye chofunika kwambiri chimapatsidwa malo aakulu. Miyendo ndi yongonyamulira.

Chimene chimandigwira mtima kwambiri kwa anthu amenewa ndi tiziboliboli ta mapasa, timene amatitcha ere ibeji. Kumeneko mapasa amabadwa ochuluka kuposa madera ambiri padziko lapansi, ndipo kale ana ambiri ankamwalira akadali aang'ono. Mmodzi mwa mapasa akatisiya, banja limapita kwa mmisiri kukasemetsa kachifanizo kotalika mwina masentimita 25 kapena 30. Mmisiriyo sasema khanda ayi. Amasema munthu wamkulu, wathanzi, watsitsi lokonzedwa bwino, munthu amene mwanayo akanadzakhala. Mayi amakatenga kachifanizoko n'kumakasambitsa, kukadzoza mafuta ndi ufa wofiira wa mtengo, kukaveka mikanda, kukakhudzitsa chakudya pakamwa pamene mnzake wamoyo akudya. Zaka zikamapita, mphuno ndi milomo zimayamba kufafanizika chifukwa chosisitidwa tsiku ndi tsiku. Mmisiri anangoyamba ntchito, woitsiriza ndi mayi woferedwa uja. Lero ogula zinthu zakale ku Ulaya amakweza mtengo akaona nkhope yofafanizika chonchi, poti ndiwo umboni wakuti sichinali chosemera malonda.

Tibwerere kwathu. Mwa zilombo zonse, zimene zimaonetsa poyera kuti wosema ndi munthu wotsatira zochitika m'dziko ndi zija zankhope yofiira. Simoni mumamudziwa: wofiira psuu, mphuno yosongoka, tsitsi lakhonje, nthawi zina ndevu zapamlomo, atavala jekete ndi buluku. Ndi mzungu amene dzuwa la kuno lamuwamba. Dzina lake ndi la m'Baibulo, chimodzimodzi Maliya ndi Yosefe, ndipo sizinangochitika mwangozi. Amishoni a Dutch Reformed atakhazikika ku Mvera mu 1889 ndi ku Nkhoma mu 1896, Akatolika a White Fathers nawo atafika ku Mua mu 1902, panabuka mkangano wolimbirana ana ndi maliro. Mnyamata apite kusukulu kapena kudambwe? Womwalira amuperekeze ndani, mphunzitsi wa mpingo kapena gule? M'zaka za m'ma 1920 nkhaniyi inafika povuta m'madera a Dedza mpaka kukafika kuboma, ndipo Matthew Schoffeleers ndi Ian Linden anadzalemba mbiri yake mu 1972. Eni gule analibe nyuzipepala, analibe guwa lolalikirapo. Anatenga anthu a m'buku la mlendoyo n'kuwaika pabwalo kuti mudzi wonse uwaone, uwaseke, uwazolowere.

Za Maliya ndiye zinapita patali. Anayamba ngati chithunzi cha mkazi wachilendo, koma pabwalo anamutema mphini m'masaya, anamuveka duku ndi ndolo, n'kumusandutsa mkazi wa Chadzunda. Lero amayi akamamuimbira amaona mwa iye mkazi waulemu, wodziwa kusunga banja. Mlendo uja anakwatiwa pamudzi.

N'chifukwa chake ndimaseka ndikamva wina akunena kuti zachikhalidwe sizisintha, n'zongolandira kwa agogo n'kupatsira adzukulu. Galimoto itayamba kuyenda m'misewu yafumbi, gule anatulutsa galimoto yake. Ku New York, m'nyumba yosungiramo zinthu ya Brooklyn Museum, muli nkhope ya gule ya Elvis Presley, woimba wa ku America uja, yosemedwa cha m'ma 1977, tsitsi lotukuka patsogolo lija ndi ndevu zam'mbali zili pomwepo. Ine ndimaganiza kuti wina kumudzi anaona anyamata akupenga ndi zakunja, akupesa tsitsi motengera munthu amene sanakumane nayepo, ndiye anati dikirani, ndikuonetsani mmene mukuonekera. Edzi itavuta, nayonso inapeza nkhope zake pabwalo. Ngakhale nthawi ya chipani chimodzi, pamene munthu ankayamba wacheuka asanatchule dzina la mtsogoleri, zilombo zina zinkanena mophiphiritsa zimene pakamwa pa munthu sipakanatha kunena. Chilombo ungachitengere kupolisi? Mkamwini waulesi, mpongozi wolongolola, mfumu yokondera poweruza milandu, onsewa ali ndi nkhope zawo, ndipo mwini nkhani amadzizindikira yekha anthu ali mkati moseka.

Komabe chachikulu pa zonse sichidutsa n'komwe pa kasemasema. Kasiyamaliro, amene ambiri amamutcha mayi wa zilombo, ndi wochita kuluka: mkati nsungwi ndi timitengo, kunja udzu ndi makoko a chimanga. Maonekedwe ake ndi a nyama yam'tchire yonga ntchefu, msana wolowa pakati, kumutu ndi kumchira kotukuka, ndipo kutalika kwake kumaposa munthu. Amabwera kudzaperekeza womwalira, ndipo amene munamuonapo usiku mukudziwa mmene makoko aja amayerera pamwezi. Kuluka chinthu chotere kumadya masiku, anthu angapo atagwirana manja. Ndiye mwambo ukatha, monga analembera ofufuza, chimatenthedwa. Munthu wa ku Ulaya wosunga zinthu zakale akamva zimenezi mutu umamuwawa. Kwa eni ake palibe chatayika, chifukwa luso lili m'manja mwa anthu, maliro ena akadzagwa adzalukanso. Chimene chinakhalitsa ndi zithunzi zake zapamiyala. M'mapanga a ku Chongoni ku Dedza, malo 127 amene bungwe la UNESCO linawaika m'kaundula wa chuma cha dziko lonse mu 2006, muli zojambula zoyera za zilombo zoterezi, pambali pa zofiira zakale kwambiri zimene anasiya Akafula.

Amayi musaganize kuti ndakuiwalani. Kuchinamwali anamkungwi amaumba ndi dothi zinthu zophunzitsira, ndipo namwali amasenza chingondo kumutu, choumbidwa ngati nyama, chamadonthomadontho. Kwa Abemba ku Zambia kuli mbusa, zoumba zimene Audrey Richards anaziona pamwambo wa chisungu mu 1931 n'kudzazilemba m'buku lake la 1956. Chilichonse chili ndi nyimbo yake ndi phunziro lake, ndipo zikuluzikulu zoumbidwa pansi zimaphwanyidwa zikangogwira ntchito. Dothi losawotcha silikwera sitima kupita ku London. N'chifukwa chake mukalowa m'nyumba zosungiramo zinthu kunjako mungayese luso lonse la ku Africa linali la amuna ndi mitengo, pamene gawo lalikulu linali m'manja mwa amayi, ndipo eni ake analibweza kudothi mwadala.

Nanga wosema ndani? Pagule funso limeneli silifunsidwa, ndipo wolifunsa waonetsa yekha kuti ndi mwana. Chilombo chimachita kuwedzedwa, chimachokera kumadzi kapena kumanda, nkhani yathera pomwepo. Dzina la mmisiri limabisidwa kuti zimene zili pabwalo zikhale mawu a mizimu, anthu asamati awa ndi maganizo a mwana wa auje, amene tonse tikudziwa kuti ali ndi ngongole kugolosale. Tsono azungu atatenga zinthuzi ankangolemba pakapepala dzina la mtundu, Chewa, Luba, Yoruba, ngati kuti mtundu wonse unagwira mpeni umodzi. Pamudzi akuluakulu ankadziwa bwinobwino kuti dzanja ili ndi lakuthwa, ili ndi lobuntha. Kungoti sankanena pagulu.

Kwina mayina sankabisidwa n'komwe, wotengayo ndiye sanafunse. Olowe wa ku Ise, Myoruba amene anamwalira mu 1938, anali wotchuka moti mafumu a mizinda yosiyanasiyana ankachita kumuitanitsa, ndipo kwawo ankamulakatulira ndakatulo zomutamanda. Iyeyu anasema zitseko za nyumba ya mfumu ya ku Ikere, imene udindo wake amati Ogoga. Pachitseko chimodzi pali mfumuyo itakhala pampando, chisoti chili kumutu, mkazi wake ataima kumbuyo. Pachinzake pali Captain Ambrose, mzungu woyendera maboma, atamunyamula pamachila, pamodzi ndi amtengatenga ndi akaidi omangidwa akusenza katundu. Anthu a Olowe sagona pathabwa monga amasemera ena. Amatumphuka, mitu ndi mapewa zili panja, moti dzuwa likamasuntha mithunzi yawo imayenda. Mfumu yakhazikika, mlendo ndiye akulendewera m'nsalu, ndipo amene ali ndi maso waona yekha kuti mwini dziko ndani. Zitsekozi anazibwereka kukazionetsa pachionetsero cha ku Wembley, ku London, mu 1924. A British Museum anazikonda, ndipo Ogoga anapatsidwa mpando wachifumu wopangidwa ku Britain m'malo mwake. Zitseko zili ku London mpaka lero. Kusinthana kumeneko muweruze nokha, koma ine ndikuona kuti wina anagula ng'ombe ndi nkhuku.

Za Pablo Picasso ndingodutsapo, poti zimanenedwa kwambiri. Mu 1907 analowa m'nyumba yosungiramo zinthu ya Trocadéro ku Paris, anaona nkhope zochokera ku Africa, ndipo chaka chomwecho akazi ena pachithunzi chake chotchuka cha Les Demoiselles d'Avignon anatuluka ndi nkhope zosongoka, zopindika, zonga zigoba. M'zaka zotsatira, zimene ankazitcha mafano a anthu otsalira zinasanduka luso lapamwamba, mitengo n'kukwera. Anatengapo maonekedwe, ntchito yake n'kuisiya. Kumene njira imeneyo inakathera tinakuona posachedwapa. Banja lina la okalamba ku France, pochotsa katundu wakale m'nyumba, linagulitsa chigoba china kwa wogula zinthu zakale pa mayuro 150. Chinali cha Afang a ku Gabon, chachitali, chopakidwa dothi loyera, cha gulu la Ngil limene linkayenda m'midzi kusaka afiti ndi kulanga olakwa. M'mwezi wa Malichi 2022 chinagulitsidwa pa okushoni ku Montpellier pa mayuro 4.2 miliyoni. Okalamba aja anakasuma kuti anawapusitsa, boma la Gabon nalo linalowererapo kuti chibwerere kwawo, koma mu Disembala 2023 khoti la ku Alès linakana madandaulo onse awiri. Chigoba chimene chinkaweruza anthu chinapezeka chikuweruzidwa, ndipo mlandu wake unali wa ndalama ndi umwini.

Zobweza zayamba, ngakhale pang'onopang'ono. Mu Novembala 2021 dziko la France linabweza ku Benin zinthu 26 zimene asilikali ake anatenga kunyumba ya mafumu ku Abomey mu 1892, ndipo Germany inayamba kubweza ku Nigeria zamkuwa zimene asilikali a Britain anafunkha mumzinda wa Benin, ku Nigeria komweko, mu 1897. Zimenezo n'zoyenera, wakuba abweze. Koma mpando wachifumu ndi mutu wamkuwa ndi zinthu zimene eni ake ankazisunga mibadwomibadwo. Nkhope ya gule ndi nkhani ina. Itabwera lero kuchokera kutsidya la nyanja, ipita kuti? Mugalasi kunyumba yosungiramo zakale ya ku Chichiri, kapena kwa mwini mzinda kumene inachokera, amene mwina adzaipaka utoto watsopano, kuisintha ndevu, n'kulola kuti chiswe chidzaimalize nthawi yake ikakwana? Ine ndili kumbali ya mwini mzinda, ngakhale ndikudziwa kuti anzanga osunga zakale sangagone nazo tulo zimenezi.

Pakati pa njira ziwirizi pali Mua. Mishoni yomwe ija imene inkalimbana ndi gule ndi imene lero ikusunga nkhope zake zoposa 400, m'nyumba ya Chamare pa Kungoni. Anayambitsa malowa mu 1976 ndi Bambo Claude Boucher, wansembe wa ku Canada amene anafika m'dziko muno mu 1967, anthu n'kumupatsa mfunda wa Chisale. Akuluakulu anati mlendo ndi amene amabwera ndi kalumo kakuthwa. Chimene bamboyu anachita chosiyana ndi ena n'chakuti sanangosonkhanitsa mitengo. Pa chilombo chilichonse ankalemba dzina, nyimbo, kavinidwe, zovala, ndi zimene akuluakulu anamuuza kuti chimaphunzitsa, ndipo zina mwa izo zinatuluka m'buku mu 2012. Pamalo omwewo amisiri amasema Yesu wopachikidwa ndi Amayi Maria ankhope zakwathu kuno, zopita m'matchalitchi. Alipo Achewa amene sakondwa kuti zinthu za kudambwe zipachikidwe poti aliyense wolipira pakhomo azione, ndipo dandaulo lawo ndi lomveka. Inenso ndikalowa m'chipinda chimenecho ndimamva kuti chinachake chikusowa. Nkhope mazanamazana zikukuyang'ana, koma ng'oma palibe, amayi oimba palibe. Komabe mwana wobadwira ku Ndirande kapena ku Johannesburg, amene agogo ake anatsogola asanamufotokozere, akafuna kudziwa chifukwa chake chilombo china chili ndi makutu aakulu, china pakamwa popotoka, kumeneko akapeza womuyankha.

Mukafika pafupi ndi positi ofesi ku Lilongwe, ku Senga Bay, kapena pamsewu wokwera ku Chawe ku Zomba, mupeza anyamata atayala ziboliboli. Khalani nawo pansi muone ntchito. Chipika cha phingo chili pakati pa mapazi, kasemasema kakugwa motsatizana, kenaka tchizulo, kenaka mpeni, kenaka sandipepa mpaka zala kuchita matuza, pomaliza polishi wansapato ndi burashi kuti chiwale. Luso lilipo, lina lodabwitsa ndithu: mipando ija yamatabwa awiri olowetsana, mabawo, njovu zotsatana mchira. Koma taonani nkhope zimene zapachikidwa pachingwe. Zazitali, zosalala, zamaso otsinzina, zonse zofanana, ndipo palibe mudzi m'Malawi muno umene unavinapo chilombo chotero. Pambali pake paima Mmasai woonda ndi mkondo wake, munthu wa ku Kenya ndi Tanzania. Mlendo ndiye amafuna zimenezo, akuti ndiyo Africa imeneyo. Wina akafuna chakale, chimakalamba sabata imodzi: utsi wa kukhitchini, matope pang'ono, basi. Sindikuwanena anyamatawa. Fizi ya mwana salipira ndi tanthauzo, ndiponso mitengo ya phingo ikusowa, akuchita kukaifuna kutali pamtengo wokwera.

Kusemera malonda pakokha sikupha uthenga. Umboni uli ku Tengenenge, kumpoto kwa Zimbabwe. Mu 1966 mlimi wa fodya Tom Blomefield, malonda atasokonekera chifukwa cha zilango zimene maiko anaikira boma la Ian Smith, analimbikitsa antchito apafamu pake kuti ayambe kusema miyala imene inali paphiri pomwepo. Ambiri mwa antchitowo anali obwera, ochokera ku Malawi, Zambia, Mozambique ndi Angola, ena mwa iwo Achewa ndi Ayao amene anatenga miyambo yakwawo popita kuntchito. Fanizani Akuda, Mchewa wobadwira ku Zambia, anatchuka ndi anthu ake amwala amaso otsinzinira, ena akumwetulira, ena akuimba mluzu, mabanja atakumbatirana. Ntchito za anthuwa zinafika m'maiko akutali, koma pamsika zinkadziwika ndi dzina limodzi lakuti zosema za Ashona. Dzina la mtundu linaphimbanso amisiri, ndipo ulendo uno, kwa ambiri a iwo, mtundu wake sunali wawo n'komwe.

Chimene chimandidetsa nkhawa kwambiri chili pafupi kuposa Paris. Gule anayamba kuvinidwa pamisonkhano yandale nthawi ya Kamuzu, ndipo chimulemekezereni UNESCO mu 2005 monga chuma cha Malawi, Zambia ndi Mozambique, akuitanidwa paliponse: potsegulira mjigo, polandira nduna, posangalatsa alendo kuhotela. Amapatsidwa mphindi zisanu. Woyendetsa mwambo ali ndi chimkuzamawu m'manja, diso lili pawotchi, nyimbo isanafike pamene pali mwambi wake ng'oma zadulidwa, bwana wasupa, chilombo chikakwere lole. Anthu aona nthenga ndi fumbi, ajambula pafoni, koma amayi odziwa kuyankha nyimbo ya chilombocho anatsala kumudzi chifukwa m'galimoto munalibe malo. Mafumu a Achewa akhala akudandaula za kutulutsa gule mwachisawawa, ndipo pamenepa ndikugwirizana nawo. Amene mukufuna kuona zilombo zikupatsidwa nthawi yake, funsani kumene kuli chizangala kapena mpalo m'midzi ya ku Dedza, Lilongwe, Dowa, Kasungu ndi Mchinji anthu akatha kukolola. Apo ayi konzekerani ulendo wa ku Mkaika, m'boma la Katete ku Zambia, kumene Achewa a maiko atatu amakumana pa Kulamba kwa Kalonga Gawa Undi kumapeto kwa Ogasiti. Mukapite ndi munthu wamkulu wodziwa nyimbo, ndipo mukaime chapafupi ndi amayi oimba, kumene mawu amamveka bwino.

Nthawi yathu yathera pamenepa. Sabata yamawa tidzawoloka malire kupita ku Mueda, kumpoto kwa Mozambique, kukaona mapiko a Amakonde, zigoba zimene amaziika tsitsi lenileni la munthu.